Manja a ambuya: lipoti la chionetsero cha vidiyo chomwe banja linatsala pang'ono kuchiletsa

Lipotili likunena za ntchito ya luso yomwe ndinathandiza kuyala muno mu Lusaka mu Okutobala 2024. Ine ndimakonza zionetsero: kupeza malo, kukhoma zoikapo zinthu, kukoka mawaya, kenako kuima pakati pa waluso ndi anthu odzaona. Ndalemba chifukwa masiku ano achinyamata ambiri akunyamula makamera kupita kwa agogo awo kukafunsa zakale, ndipo chomwe chinatigwera ife chikuwadikira iwonso. Banja la eni nkhani linamva lipoti lonseli likuwerengedwa, ndipo linalola kuti lituluke. Maina awo mulibe, komboni yawo sindiitchula, ndipo nkhani ya mapepala a ambuya ndaisiya dala.

Eni nkhani

Waluso ndi mtsikana wobadwira mu Lusaka momwemuno. Anaphunzira zojambula pa Evelyn Hone College, ndipo tsiku ndi tsiku amadyera kamera pojambula maukwati. Bambo ake kwawo ndi ku Katete. Ambuya ake, omwe anabereka mayi ake, anabadwira tsidya lina la malire, m'mudzi wa Achewa m'chigawo cha Tete ku Mozambique. Nkhondo ya boma la Frelimo ndi gulu loukira boma la Renamo, yomwe inayamba mu 1977, itafika m'midzi yawo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980, anathawa usiku ndi ana awiri, mnyamata ndi mtsikana. Mpaka lero satchula Renamo, amati Matsanga, ndipo amatsitsa mawu akamatero. Analowera cha ku Chadiza, kenako anatengedwa pa lole kupita ku Ukwimi, malo omwe boma ndi UNHCR, bungwe la United Nations loona za othawa kwawo, anatsegulira othawa nkhondo a ku Mozambique mu 1987 kudera la Petauke. Kumeneko anapatsidwa munda, nalima.

Mtendere unasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992, ndipo pofika 1994 anthu anali kubwerera kwawo. Ambuya sanakwere nawo malole. Mudzi unali utapsa, amuna awo anali atatsikira kuli chete, ndipo ana anali atayamba sukulu kuno. Patapita zaka anatsatira mwana wawo wamkazi ku Lusaka.

Ambuya sadziona ngati mlendo, ndipo amene sakumvetsa zimenezi sangamvetse ntchito yonseyi. Dziko la Achewa linadulidwa ndi pangano la Angelezi ndi Apwitikizi la mu 1891, eni ake osafunsidwa. Likulu lakale la Undi, mfumu yaikulu ya Achewa, linali ku Mano, komwe lero ndi Mozambique. Masiku ano Kalonga Gawa Undi amakhala ku Mkaika ku Katete, ndipo mwezi wa Ogasiti mafumu a ku Zambia, Malawi ndi Mozambique amasonkhana komweko pa mwambo wa Kulamba. M'maganizo a ambuya, iwo anangochoka m'mudzi wina wa Undi kupita m'mudzi wina wa Undi. Koma ofesi yopereka reji, chiphaso cha boma chodziwitsa munthu, siwerenga choncho.

Zomwe ndinapeza

Pamene mtsikanayu amandiitana anali atajambula kale maola ambiri. Pulani yake inali yoti nkhope ya ambuya idzaze khoma lonse kudzera pa pulojekita, pansi ayale tenti ya pulasitiki ngati ya kumsasa, azunguze waya waminga, ndipo m'masipika muzilira mfuti. Ndinamuuza poyera kuti sindinaikonde. M'maso inkaoneka bwino ndithu, koma inali ndendende zomwe aliyense amayembekezera akamva za wothawa nkhondo. M'chipinda chotere ukhoza kuchotsa ambuya n'kuikamo mayi wa ku Congo kapena wa ku Sudan, palibe chingasinthe.

Iye anandikumbutsa za aluso a ku Maputo omwe amawotcherera mfuti kukhala mipando. N'zoona. Mu 1995 Bishopu Dinis Sengulane ndi Christian Council of Mozambique anayambitsa ntchito yoti anthu azipereka mfuti n'kulandira makasu, njinga, makina osokera kapena malata, ndipo mfutizo zinkadulidwa n'kupatsidwa kwa aluso. Mpando umodzi wotere uli ku British Museum ku London, ndipo Gonçalo Mabunda watchuka dziko lonse ndi ntchito ya mtundu umenewu. Koma mfuti zimenezo zinali zenizeni, zofukulidwa ndi eni ake pomwe anazibisa. Zathu zikanakhala phokoso lotsitsa pa intaneti.

Tinakhala pansi kumvetsera zonse zomwe anajambula. Za nkhondo ambuya ankanena mwachidule, ngati munthu wodumpha ngalande ya m'komboni. Pomwe ankachedwa panali pa mudzi: nyumba ya ndani inayandikana ndi ya ndani, mtengo wa mango unali pati, njira ya ku chitsime inkadutsa kuseri kwa nkhokwe ya ndani. Panali fayilo imodzi yomwe mtsikanayu anaiika pa zotaya chifukwa kamera inapendekera pansi. M'menemo ambuya, atatopa kufotokoza ndi pakamwa, agwada kuseri kwa nyumba n'kuyamba kulemba mudziwo pa dothi. Nkhope siioneka. Ukuona dzanja lamanja, chibangili chimodzi chamkuwa, ndi chikhadabo chong'aluka cha chala cha mkombaphala. Akafika pa nyumba amaboola kadzenje n'kutchula mwini wake. Ikakhala nyumba ya munthu amene anafa pa nkhondo, amatchula dzina, n'kusalaza kadzenjeko ndi chikhatho, n'kupita pa ina. Palibe anawauza kutero. Pomaliza, timadzenje totsala tinali towerengeka ndi zala.

Ndinamuuza kuti ntchito yake ndi imeneyo, zina zonse n'zovala chabe. Njira yotere si yachilendo kwa aluso a kuno. Anawana Haloba wa ku Livingstone, yemwe ntchito yake inaonetsedwa pa Venice Biennale, chionetsero chachikulu cha zaluso ku Italy, mu 2009, anajambulapo vidiyo akulemba pa mchere ndi lilime lake. Gladys Kalichini wakhala akufufuza momwe amayi monga Julia Chikamoneka ndi Alice Lenshina anazimiririra m'mbiri ya ufulu wa dziko lino. Onse awiri amagwira ntchito ndi zinthu zofufutika, ndipo mtsikanayu anali atapeza zake osadziwa. Tinagwirizana kuti vidiyo ya manja ikhale pakati pa chipinda, ndipo nkhope ya ambuya ionekere pa kasikirini kena pakhomo, kulandira olowa.

Magetsi

Chaka cha 2024 chinali cha chilala. Pa 29 Febuluwale Pulezidenti Hakainde Hichilema analengeza kuti ndi ngozi yogwera dziko, madzi a m'nyanja ya Kariba anatsika, ndipo pofika Seputembala madera ambiri a Lusaka ankatha maola ofika 21 pa tsiku opanda malaiti. Malo athu anali galaja yakale ya denga la malata. Jenereta sinali yotheka, chifukwa ambuya amalankhula motsitsa ndipo injini ikanawameza.

Masamu ake ndiwalembe, poti ambiri amagula zida asanawerenge. Pulojekita wamba amadya mawati pafupifupi 300. Batire ya 12V ya 100Ah imasunga mawati 1,200 a ola limodzi pa pepala, koma ikakhala ya asidi suyenera kuitsitsa kupitirira theka, apo ayi ifa msanga. Ukachotsanso zotayika mu invata, pulojekita sakwanitsa maola awiri. TV ya LED ya mainchi 32 imadya mawati 50 kapena kucheperapo. Ukawonjezera kasipika ndi kamakina kosewera vidiyo kuchokera pa flashi, batire yomweyo imatha maola asanu ndi atatu, ndipo sola ya padenga pa dzuwa la Okutobala imabwezera zomwe zikuchoka.

Choncho pulojekita tinamusiya. TV tinaigoneka chagada pansi m'bokosi la matabwa, pamwamba galasi lolimba, m'mbali mabowo ndi kafani ka kompyuta kuti mpweya uziyenda. Mozungulira tinathira dothi lofiira mpaka linafanana ndi m'mphepete mwa galasi. Munthu woimirira sankaona bwino, ankayenera kukhala pa mphasa kapena pa kampando. Ndipo pa sikirini ya msinkhu umenewo dzanja la ambuya linali pafupifupi kukula kwa dzanja lenileni, moti ukakhala pansi zinkakhala ngati akukulembera iweyo. Ndikhulupirira ndi mtima wonse kuti ntchito inakhala yabwino kuposa mmene ikanakhalira pa khoma. Khoma limapangitsa munthu kuimirira patali, manja m'thumba.

Pano ndipatuke pang'ono. Gawo lina la magetsi omwe tinkawasowawo limachokera ku damu la Kariba, lomwe pomangidwa, pakati pa 1955 ndi 1959, linasamutsa Atonga pafupifupi 57,000 m'chigwa cha Gwembe, mbali zonse ziwiri za Zambezi. Mu 1958 apolisi a boma la atsamunda anapha anthu asanu ndi atatu a kwa mfumu Chipepo omwe ankakana kusamukira ku Lusitu. Aliyense wa ife amene amayatsa sikirini mu Lusaka kuti aonetse za anthu ochotsedwa kwawo, amayatsanso ndi madzi omwe anamiza minda ndi manda a anthu amenewo. Sindinaike izi m'chionetsero chifukwa si nkhani ya ambuya. Koma ndikulakalaka waluso wa ku Gwembe adzaigwire, ndipo mawaya ndidzamukokera ulere.

Za mawu sindichulutsa. Makoma a simenti ndi malata ankabweza mawu, ndiye tinapachika mphasa ndi masaka akale mpaka kubwerera kunachepa. Sipika tinayesa kuibisa mumtsuko, mawu anatuluka ngati a m'chitsime, tinaibweza m'bokosi.

Amalume

Kutatsala masiku ochepa, chikwangwani cha chionetsero chinaikidwa pa Facebook ndi pa WhatsApp. Chinali ndi nkhope ya ambuya, ndipo pansi pake panalembedwa m'Chingelezi kuti ndi nkhani ya mayi wothawa nkhondo wa ku Mozambique. Mwana wamwamuna wa ambuya uja anathawa ali wamng'ono, amalume a mtsikanayu, tsopano ndi bambo wa banja, ali ndi shopu ya zitsulo ndi misomali pa msika wina. Anachiona pa foni ya kasitomala. Tsiku lomwelo anaimbira mlongo wawo kuti auze mwana wake chionetsero chisachitike.

Mtsikanayu anabwera kwa ine atakwiya, fomu ya chilolezo ili m'manja, ambuya atadindapo chala. Kumbali ya lamulo anali ndi poima. Data Protection Act ya 2021, lamulo loteteza nkhani zaumwini za munthu, imayang'ana chilolezo cha mwini nkhani, ndipo mwini anali atavomera. Koma fomuyo inali m'Chingelezi, ndipo za Facebook munalibe. Chachikulu kuposa apo, kwa ife Achewa mwini mbumba ndi malume, ndipo nkhani ya mayi ndi nkhani ya ana ake. Ukanena komwe mayi anabadwira ndi chaka chomwe anathawa atagwira mwana padzanja, wanenanso komwe mwanayo anabadwira. Amalume sanadinde chala paliponse, koma vidiyo inkanena za iwo.

Ndinamuuza kuti atsitse chikwangwani usiku womwewo, ndipo ndinapempha kuti tikaonane ndi banja Lamulungu anthu akaweruka kutchalitchi. Ndinanyamula shuga ndi buledi. Kamera ndinati isapite, ndipo ndinalonjeza amalume pa foni kuti palibe chidzajambulidwe.

Titakhala pansi ndi kulonjerana, amalume sanazungulire. «Abambo,» anatero kwa ine, «inu chionetsero chikatha mupita kwanu. Ine shopu yanga ili pamsewu, aliyense amaidziwa.» Anakumbutsa za Epulo 2016, pomwe mphekesera zokhudza kuphedwa kwa anthu zinachititsa magulu kuthyola mashopu a anthu a ku Rwanda m'makomboni monga George ndi Zingalume. Ambiri mwa eni mashopuwo anali atakhala ndi anansi awo zaka zambiri mwamtendere. «Ine ndinatseka shopu, ndinakhala m'nyumba. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.» Kenako anatchula KK, ndiye kuti Kenneth Kaunda, pulezidenti woyamba wa dziko lino. Bambo ake a Kaunda anali mphunzitsi wochokera ku Nyasaland. Kaunda analamulira dziko lino zaka 27, komabe mu 1999 khoti la ku Ndola linagamula kuti si mzika. Chigamulocho chinadzasinthidwa pambuyo pake, koma amalume chomwe anasunga ndi choyambacho. «Ngati anatero ndi KK, ine wogulitsa misomali ndine ndani?»

Mantha amenewa sanali opeka, ndipo sindinayese kuwachepetsa. Mtsikanayu ndi mzika yosakayikitsa, poti bambo ake ndi a kuno ndipo malamulo a dziko amati kholo limodzi likwanira. Anakula ndi reji yobiriwira, ya mzika, m'chikwama. Kwa iye Mozambique ndi chuma cha makolo chofunika kuchinyadira. Kwa amalume ndi chinthu chomwe akhala akubisa kuyambira ali pa sukulu, mpaka anasintha kalankhulidwe kuti anzawo asiye kuwafunsa kwawo. Ndinaona pankhope pa mtsikanayo kuti zambiri mwa izi ankazimva koyamba. Anagwada pafupi ndi amalume ake n'kupepesa za chikwangwani, koma za vidiyo sanagonje. Anati, «Amalume, ambuya akapita, adzatiuza ndani komwe tinachokera?»

Nthawi yonseyi ambuya ankaswa nsawa mu lichero, osanena kanthu. Atayamba kulankhula analunjika kwa mwana wawo. «Atate, inu munali mwana. Nkhope chotsani, ndakalamba, sindifuna kupachikidwa pakhoma. Dzina la mudzi chotsani. Koma aja ndawatchula aja palibe anawaika m'manda. Maliro awo sitinalire, tinali kuthamanga. Amenewo musawachotse.»

Apa m'pomwe ndinamvetsa chomwe ambuya ankachita ndi chikhatho chawo pa dothi. Ife tinkaona chithunzi champhamvu. Iwo ankaika maliro.

Panatsala nkhani ya mawu. Amalume anati kuchotsa nkhope sikukwanira, chifukwa aliyense wa pa mzere wawo amadziwa mawu a ambuya. Anaganiza kuti mdzukulu awerenge mawuwo m'malo mwawo. Maganizowa sanali oipa, ndipo aluso ambiri amachita zimenezi poteteza anthu. Tinayesa pomwepo, mtsikanayu akubwereza maina aja mokweza. Zinamveka ngati mphunzitsi akuitana maina m'kalasi. Ambuya anakana, anati anthuwo sakumudziwa mwanayu. Amalume anakhala chete nthawi yaitali, kenako anati mawu akhale, bola asatuluke m'chipindacho.

Asananyamuke anapempha kuona vidiyoyo pa laputopu. Anaonera mpaka pakati, n'kuloza sikirini. Anati chitsime sichinali pamenepo, chinali kumunsi kwa njira ya kumanda, iwo ankapitako ndi mbuzi. Ambuya anatsutsa. Anakangana ndithu, mwaukali, wina akulemba pansi ndi chala, wina akufufuta ndi phazi, pomwe mayi a mtsikanayu, omwe anachoka kumeneko ali wamng'ono kwambiri moti sakumbukira kanthu, ankangoyang'ana uku ndi uku. Mtsikanayu anandiyang'ana, dzanja lili pa thumba momwe munali foni. Ndinapukusa mutu. Mpaka lero amati tinataya chithunzi choposa zonse zomwe anajambulapo, ndipo pa zaluso mwina akunena zoona. Koma ndinali nditalonjeza munthu amene anali asanatikhulupirire, ndipo chionetsero chonse chinkadalira lonjezo limenelo.

Zomwe tinagwirizana tinazilemba m'Chichewa ndi kuziwerenga mokweza onse akumva. Nkhope ichoke, ndiye kasikirini ka pakhomo kanatheratu. Dzina la mudzi, la ambuya ndi a amoyo onse adulidwe, zomwe zinatanthauza kutseka mawu m'malo angapo, chala chikuboola kadzenje koma pakamwa pali zii. Maina a akufa akhale. Vidiyo isaikidwe pa intaneti, ndipo wolowa asajambule. Dzina la waluso linatsala pa chikwangwani chatsopano, koma loyamba lokha. Chimenechi chinamupweteka, poti waluso wachinyamata amafuna dzina lake lidziwike, koma anavomera yekha.

M'chipinda

Tinatsegula sabata yomwe dziko linkakondwerera zaka 60 za ufulu, mbendera zili ponseponse m'tauni. Pakhomo panali dengu la mafoni ndi timapepala ta manambala. Ena anakana kusiya foni n'kubwerera, ndipo tinawalola kupita. Wolowa ankavula nsapato, kudutsa kansalu kakuda, n'kupeza chipinda chamdima pang'ono, fungo la dothi lonyowetsedwa, ndi kuwala kochokera pansi.

Mawu a Chingelezi pa sikirini sitinaike. Akanaphimba dothi lomwe ambuya ankalembapo, ndipo maso a anthu akanachoka pa dzanja kupita pa zilembo. Tinasindikiza pepala la m'Chichewa ndi m'Chingelezi loti munthu atenge potuluka. Alendo ena a kunja anadandaula kuti sanamve kanthu. Ndinawamvera, koma sindinasinthe. M'zionetsero zambiri za mu Lusaka amene samva kanthu amakhala amayi a m'komboni, ndipo palibe amawapepesa.

Zinthu ziwiri zinatidabwitsa. Choyamba, malo aja tinatseka mawu. Ine ndinkaopa kuti adzaoneka ngati makina alakwa. M'malo mwake anthu ankasendera pafupi, kuganiza kuti ambuya akunong'ona, ndipo akazindikira kuti akufa okha ndiwo akutchulidwa, ambiri ankakhala mpaka vidiyo itazungulira kawiri. Chomwe amalume anatikakamiza kuchita chinakhala mbali ya ntchitoyo.

Chachiwiri, dothi lozungulira sikirini. Sitinauze munthu kulembapo. Anayamba ndi bambo wina wachikulire, mwana wa matchona, yemwe bambo ake anachoka ku Nyasaland kudzagwira ntchito pa njanji nthawi ya Federation ya Rhodesia ndi Nyasaland osabwereranso. Anati kwawoko sanafikeko, koma analemba mudzi monga ankaumvera kwa bambo ake, phiri mbali iyi, mtsinje mbali iyo. Ena anatsatira. Ana ankalemba magalimoto ndi maina awo, ndipo sitinawaletse. Madzulo aliwonse tinkasalaza ndi thabwa n'kuwaza madzi. Palibe chomwe tinajambula, chifukwa lamulo la mafoni linkatigwira ifenso. Otithandiza ndi ndalama anafuna zithunzi za lipoti lawo. Tinawapatsa za chipinda chopanda anthu, sikirini itazimitsidwa, ndi buku la alendo. Sanasangalale kwenikweni koma analandira.

Zomwe sizinayende

Munthu wina analowa ndi foni yachiwiri, najambula kachidutswa n'kukaika pa status ya WhatsApp. Mnzake wa waluso anaona, ndipo mwiniwake anachotsa titamupempha, koma kanali katakhalapo maola angapo. Amalume tinakawauza tokha madzulo omwewo, asanamve kwa ena. Sanakalipe. Anangoti ndi zomwe ankanena. Ku chionetsero sanabwere mpaka tinatseka, ngakhale akazi awo ndi ana anabwera. Ndikakumana nawo amandilonjera bwino, ndipo maganizo awo sanasinthe: akuti zinthu izi zikanakhala za m'nyumba. Dengu la pakhomo limachepetsa ngozi koma siliithetsa, ndipo banja liyenera kuuzidwa zimenezi lisanavomere.

Vuto lina linali lakuya. Pochotsa mfuti, waya ndi dzina la mudzi, tinachotsa nazo nkhondo yomwe. Achinyamata ambiri obadwa 1992 itadutsa sadziwa kuti ku Mozambique kunali nkhondo, kaya kuti Matsanga ankalowa mpaka m'midzi ya m'malire ya Chipata ndi Katete. Mtsikana wina wa sukulu atatuluka anandifunsa kuti anthu onsewo anafa ndi chiyani, kolera? Funsoli linali lomveka, chifukwa kumayambiriro kwa chaka chomwecho kolera inali itavuta mu Lusaka mpaka bwalo la National Heroes linasanduka chipatala. Pepala la potuluka linali ndi mbiri yonse, koma ochepa ankaliwerenga. Tinaika munthu pakhomo kuti azifotokoza mwachidule anthu asanalowe, ndipo zinathandiza. Ntchitoyi ikadzayalidwanso pafunika kachipinda koyamba kokhala ndi mapu a malire ndi zaka zake, kopanda dzina la munthu aliyense. Kuteteza banja sikutanthauza kubisa nkhondo.

Kumbali ya zida, fumbi linkalowa m'bokosi ngakhale tinatseka m'mphepete, ndipo masana kutentha kwa pansi pa malata kunkazimitsa TV. Tinayamba kutseka ola limodzi masana ndi kupukuta kafani m'mawa uliwonse.

Pomwe nkhani ili tsopano

Mafayilo onse ali pa mahadidiraivu awiri. Imodzi ili ndi waluso, ina ili ndi mayi ake m'sutukesi. Zojambula zosadula, momwe muli nkhope, dzina la mudzi ndi zonse zomwe ambuya ananena, ndi za banja, sizionetsedwa kwa wina aliyense. M'pangano lathu tinalembamo funso lomwe mafomu ambiri amalidumpha: ambuya akadzapita, adzalola kapena kuletsa ndani? Banja linasankha kuti akhale ana awo onse awiri pamodzi, ndipo mmodzi akakana ndiye kuti zakanika.

Titatseka, kunabwera pempho loti ntchitoyi ikaonetsedwe kunja kwa dziko. Oitanawo akufuna mawu a Chingelezi pa sikirini, kachidutswa kotsatsira pa intaneti, ndi dzina lonse la waluso. Zonse zitatu n'zosemphana ndi mmene tinachitira kuno. Ndawayankha kuti za mawu a Chingelezi tikhoza kukambirana, mwina aikidwe pa khoma la m'mbali, koma za intaneti si ine kapena waluso amene tingavomere. Amalume akuti kunja n'kutali, makasitomala awo sakafikako, ndiye nkhawa yawo ndi intaneti yokha. Amene akukayika tsopano ndi ambuya. Afunsa ngati kumeneko kudzakhale munthu womva maina omwe akutchulawo, ndipo ngati palibe, akufuna kudziwa kuti akuwatchulira ndani. Iwo akufuna kuti iyambe yapita ku Katete kapena ku Petauke, komwe kuli ena omwe anatsala nawo ku Ukwimi. Ndayamba kufunsa mtengo wonyamulira bokosi, batire ndi sola pa basi ya ku Great East Road, ndipo oitana a kunja ndawalembera kuti adikire mpaka banja litakumananso.